Westlife: Mmene Anatchukira, Mmene Anapasukira ndi Mmene Anabwererana

Amene anakula cha m'ma 2000 sangawasowe mawu a anyamata awa. Ankamveka m'minibasi, mometera tsitsi, pa mapologalamu a moni pa wailesi, ndiponso pa maukwati akwati akamalowa m'holo mwakachetechete. Ku sekondale yogonera komweko kumene ine ndinkaphunzira kunali kope lina long'ambika chikuto lomwe linkayenda m'manja usiku. Wolemba ankatchera khutu pa kaseti, n'kuimitsa, n'kubweza tepi ndi cholembera poopa kutha mabatire, kenako n'kulemba mzere umodzi. Chizungu china tinkachimva mokhota, koma chinkalowa m'makalata achikondi chili chokhota chomwecho. Nyimbo tinkazidziwa pamtima, eni ake ayi. Mafunso ali m'munsiwa ndi amene anthu amafunsabe za gululi.

Kodi Westlife ndi ndani, ndipo kwawo n'kuti?

Ambiri amawayesa a ku America, ena amati ndi Angerezi. Onsewo amalakwitsa: anyamatawa ndi a ku Ireland. Poyamba anali asanu. Shane Filan, Kian Egan ndi Mark Feehily ndi a ku Sligo, tauni yaing'ono ya m'mphepete mwa nyanja kumpoto chakumadzulo kwa dzikolo, pomwe Nicky Byrne ndi Brian McFadden ndi a mumzinda waukulu wa Dublin. Gululi linakhazikitsidwa mu 1998, wamkulu pa onse, Nicky, asanakwanitse zaka 20. Sali pachibale, ngakhale kuti kufanana kwa zovala zawo pa zithunzi kunachititsa ena kuganiza kuti ndi ana a bambo mmodzi. Ubale umene ulipo ndi wachilamu: mu 2003 Shane anakwatira mbale wake wa Kian. Komanso Westlife si Backstreet Boys, amene ndi a ku Florida ku America, ndipo si Boyzone, amene ndi a ku Ireland komweko koma anayamba kale mu 1993. Pa makaseti ambiri okopera amene ankagulitsidwa m'misika, nyimbo za magulu atatuwa zinkasakanizidwa, n'chifukwa chake mpaka lero pali anthu amene amapatsa Westlife nyimbo za eni.

Anakumana bwanji?

Atatu a ku Sligo aja ankaphunzira pa sukulu imodzi ya Summerhill College ndipo ankachita nawo masewero oimba, kuphatikizapo lotchuka lija la Grease. Iwo ndi anzawo ena atatu anapanga gulu la anthu asanu ndi mmodzi lomwe linkadziwika ndi dzina loti IOYOU. Amene anatsegula khomo ndi mayi ake a Shane. Mayiwa anaimbira foni mobwerezabwereza Louis Walsh, manijala wa Boyzone, yemwe kwawo kunali kumodzi ndi iwo m'chigawo cha Mayo. Walsh atawamva anawakonda, n'kupita nawo kwa Simon Cowell, yemwe panthawiyo anali asanatchuke pa wailesi yakanema koma ankasakira oimba kampani yojambula nyimbo ya BMG. Cowell sanatsutse za mawu awo. Chimene anadandaula nacho ndi nkhope. Makolo athu amati ukaipa dziwa nyimbo, koma pa msika umene Cowell ankagulitsapo kudziwa nyimbo kokha sikunkakwanira, pankafunikanso nkhope yoti atsikana aimate pakhoma. Anyamata atatu anauzidwa kuti abwerere kwawo. Shane nayenso anali pa mndandanda wa ochotsedwa, koma Walsh anamusintha tsitsi kukhala loyera n'kumubweretsanso, ndipo ulendo wachiwiriwo anadutsa. Kenako ku Dublin kunachitika mpikisano wofuna anthu odzaza malo, ndipo n'kumene kunapezeka Brian ndi Nicky. Nicky anali atabwerako ku England komwe ankaphunzira ugoloboyi ku timu ya Leeds United. Dzina loyamba la gulu latsopanoli linali Westside, koma atapeza kuti lili ndi eni ake kale analisintha kukhala Westlife. Ronan Keating wa Boyzone anathandizana ndi Walsh kuwayang'anira masiku oyambawo.

Zinatheka bwanji kuti atchuke msanga chonchija?

Sanayambire pansi ngati mmene amayambira mabandi oimba m'mabala. Asanatulutse nyimbo n'imodzi yomwe, anali ataimbapo kale potsegulira Backstreet Boys ndi Boyzone, ndiye kuti anthu ogula anali atawaona kale ndi maso. Nyimbo yawo yoyamba, Swear It Again, inatuluka mu Epulo 1999 ndipo inangofikira pa nambala 1 pa mndandanda wa nyimbo zogulidwa kwambiri ku Britain. Zotsatira zisanu ndi imodzi zinachitanso chimodzimodzi: If I Let You Go, Flying Without Wings, I Have a Dream yomwe inatuluka pamodzi ndi Seasons in the Sun, Fool Again, Against All Odds yomwe anaimba ndi Mariah Carey, ndi My Love. Panalibe gulu lina limene linali litayambapo ndi nyimbo 7 zotsatizana pa nambala 1. Mu Novembala 2000 chimbale chawo chachiwiri, Coast to Coast, chinatuluka sabata imodzi ndi cha Spice Girls ndipo chinachiposa. Choseketsa n'chakuti amene anawadula mwendo sanali woimba mnzawo. Pa Khirisimasi ya 2000 nyimbo yawo What Makes a Man inathera pa nambala 2, itagonja kwa nyimbo ya kachidole ka pa pologalamu ya ana kotchedwa Bob the Builder. Pofika 2006 anali ndi nyimbo 14 zimene zinafika pa nambala 1 ku Britain, ndipo pamene ankasiyana, amene ankawaposa pa chiwerengerochi anali Elvis Presley ndi The Beatles okha.

Kodi nyimbo zawo ankapeka okha?

Zambiri zimene timazidziwa sanapeke ndi iwo. Panali akatswiri olembedwa ntchito imeneyi. Steve Mac ndi Wayne Hector a ku Britain ndiwo analemba Swear It Again ndi Flying Without Wings. My Love inachokera kwa alembi a ku Sweden, ena mwa iwo Jörgen Elofsson, Per Magnusson ndi David Kreuger, a situdiyo ya Cheiron ku Stockholm, yomwenso inkapangira nyimbo Britney Spears ndi Backstreet Boys. Zina zinali nyimbo zakale zimene anangoziimbanso. I Have a Dream ndi ya ABBA, Against All Odds ndi ya Phil Collins, Uptown Girl ndi ya Billy Joel, Mandy inatchuka ndi Barry Manilow m'ma 1970, ndipo You Raise Me Up, yomwe makwaya ambiri amaiimba ngati ya Westlife, inayamba ndi gulu la Secret Garden ndipo Josh Groban anali ataiimba kale iwo asanaigwire mu 2005. Sikuti anyamatawa sankafuna kulemba zawo. Brian ndi Shane analemba nawo Bop Bop Baby, koma itatuluka mu 2002 inathera pa nambala 5. Chaka chotsatira anatulutsa Hey Whatever, nyimbo yothamanga yomwe iwo eni ankaikonda, n'kuthera pa nambala 4. Cowell anawabwezera ku nyimbo yoziziritsa mtima, Mandy, ndipo inafika pa nambala 1. Kuyambira pamenepo zinali zovuta kutsutsana ndi abwana. Ntchito ya anyamatawa inali mawu: Shane ndi Mark ankatsogolera nyimbo zambiri, Brian akuwathandiza, pomwe Kian ndi Nicky ankapolokoza ndi kudzaza pansi.

N'chifukwa chiyani ankakonda kukhala pa timipando m'malo movina?

Ichi chinasanduka chizindikiro chawo. Magulu a anyamata a nthawi imeneyo ankadziwika ndi magule othyola msana, koma Westlife inasankha njira ina chifukwa mphamvu yawo inali pa nyimbo zoyenda pang'onopang'ono. Tangoganizani mmene zinkakhalira pa siteji. Anthu asanu avala masuti ofanana, akhala pa timipando tatitali topanda choyedzamira, aliyense maikolofoni ili m'manja. Limba likuyamba motsika. Shane akulowa yekha, mawu ali ofewa. Ndime yachiwiri akulandira mnzake. Nyimbo ikuyenda choncho mpaka chakumapeto, pomwe zoimbira zimakhala ngati zapuma kamphindi, kenako nyimbo yonse n'kukwera mawu. Pa mphindi imeneyo onse asanu amadzuka nthawi imodzi n'kuyenda kupita kutsogolo, Mark akukoka mawu m'mwamba, ndipo holo yonse imaphulika. Anthu onyoza ankaseka kuti nyimbo iliyonse ya Westlife imayenda njira yomweyo, ndipo sankanama kwenikweni. Eni ake nawonso anafika poziseka okha. Koma chimene chinkaoneka ngati ulesi chinadzawathandiza atakula. Gulu lodalira kuvina limavutika mawondo akayamba kulira, pomwe munthu wa zaka 45 angathe kudzuka pa kampando bwinobwino ngati mmene ankachitira ali ndi zaka 19.

Bwanji nyimbo zawo zinafika mpaka kuno koma ku America sizinagwire?

Ku America nyimbo yawo imodzi yokha, Swear It Again, ndiyo inaonekako, ndipo inafika pa nambala 20 mu 2000. Msika wa kumeneko unali utadzaza kale ndi Backstreet Boys ndi NSYNC, ndipo mawailesi anali atayamba kutembenukira ku hip hop ndi R&B. Kuti munthu agwire msika umenewo amayenera kukhalako miyezi yambiri akuyendera mawailesi mzinda ndi mzinda, koma Westlife inali ndi ntchito yokwanira kwina. Ku Asia, makamaka ku Indonesia, Philippines ndi China, komanso kuno ku Africa, zinthu zinali zosiyana. Ku South Africa aimbako kangapo. Chimene chinawayendetsa m'maiko amenewa n'chomwe chija anthu ankawanyoza nacho. Nyimbo zawo n'zodekha, Chingerezi chake n'chosavuta ndipo amachitchula momveka, moti wophunzira wa Fomu 2 angathe kuchitsatira. Mulibe mawu otukwana, choncho zinkaseweredwa pabalaza makolo ali pomwepo. Kaimbidwe kawo kogawana mawu, wina kutsogolera ena kulandira, n'kozolowereka kwa aliyense amene anakulira m'kwaya ya kutchalitchi. N'chifukwa chake nyimbo ngati Soledad, yomwe ku Britain sinatulutsidwe payokha ndipo inangokhala m'kati mwa chimbale cha Coast to Coast, kuno imadziwika kuposa zina zimene zinafika pa nambala 1 kumeneko. Zimbale ndi nyimbo zawo zonse zagulidwa zoposa 55 miliyoni, osawerengera makaseti okopera aja.

Nanga Brian McFadden anachokeranji?

Brian anachoka mu Malichi 2004, kutatsala pang'ono kuti gululi liyambe ulendo woimba m'mizinda yosiyanasiyana. Chifukwa chimene anapereka n'chakuti ankafuna nthawi yokhala ndi banja lake. Anali atakwatira Kerry Katona, yemwe kale ankaimba mu Atomic Kitten, ndipo anali ndi ana aakazi awiri aang'ono. Sanachotsedwe, ndipo anzake anakhala naye limodzi pamaso pa atolankhani polengeza nkhaniyi. Koma panalinso china: Brian ankafuna kuimba nyimbo zake, zolemba yekha, za magitala. Chaka chomwecho anatulutsa Real to Me, yomwe inafika pa nambala 1 ku Britain, ndipo banja lake lija linatha miyezi yomweyo. Anthu ambiri ankati gulu latha basi, chifukwa Take That inapasuka patangopita miyezi yochepa Robbie Williams atachoka mu 1995. Ndipo poyamba zinaonekadi ngati akugwa: chimbale choyamba cha anayi otsalawo, chomwe anaimbamo nyimbo zakale za mtundu wa Frank Sinatra, sichinafike pa nambala 1. Koma mu 2005 You Raise Me Up inawadzutsa. Chaka chomwecho Mark anauza nyuzipepala ina kuti amakopeka ndi amuna anzake, nkhani imene ena ankaganiza kuti ithamangitsa atsikana ogula nyimbo zawo. Sizinatero. Anayiwo anapitiriza limodzi zaka zina 7.

Kodi n'zoona kuti mmodzi wa iwo anamwalira?

Ayi. Mphekesera imeneyi imachokera ku kusokoneza magulu kuja. Amene anamwalira ndi Stephen Gately wa Boyzone, mu Okutobala 2009, ali ndi zaka 33, pa chilumba cha Majorca ku Spain. Poti magulu awiriwa ndi a dziko limodzi, manijala wawo anali mmodzi ndipo nyimbo zawo n'zofanana mtundu, nkhaniyi itadutsa m'makutu ambiri inafika kwa ena ili ya Westlife.

Nanga chinapasula gulu n'chiyani? Anayambana?

Pa 19 Okutobala 2011 analengeza kuti asiyana akamaliza ulendo wotsanzikana, ndipo ananena kuti agwirizana mwamtendere. Panalibe ndewu ya pagulu, panalibe wotengera mnzake ku khoti. Koma zizindikiro zinalipo. Choyamba chinali kutopa. Kuyambira 1999 moyo wawo unali wozungulira ngati mphero: chimbale chatsopano pafupifupi Novembala aliyense kuti chigulidwe pa Khirisimasi, kenako miyezi ya m'ndege ndi m'mahotela, kenako kubwerera ku situdiyo. Anapumako chaka chimodzi chokha atachita chikondwerero cha zaka 10 mu 2008. Chachiwiri, msika unali utasuntha. Nyimbo yawo yomaliza kufika pa nambala 1 inali The Rose mu 2006. Safe ya 2010 inathera pa nambala 10, ndipo Lighthouse ya 2011, yomwe analemba nawo Gary Barlow wa Take That, inathera pa nambala 32. Chachitatu, ubale wawo ndi Cowell unali utazirala. Iye anali atatanganidwa ndi pologalamu ya The X Factor, komwe mu 2010 kunabadwa One Direction, anyamata asanu atsopano a msinkhu umene Westlife inali nawo poyamba. Kumayambiriro kwa 2011 Westlife inachoka ku kampani yake ya Syco. Pambuyo pake ena mwa iwo anavomereza pocheza ndi atolankhani kuti kusiyana maganizo kunali kutayamba ndipo ntchito sinkakomanso ngati kale. Anali amuna a zaka za m'ma 30, ena ali ndi ana, akukhalabe moyo umene anausainira ali achinyamata. Anasankha kutseka chitseko bwalo likadali lodzaza. Pa 22 ndi 23 Juni 2012 anaimba komaliza ku Croke Park mu Dublin, bwalo lolowa anthu oposa 80,000, ndipo usiku womalizawo unaonetsedwanso m'nyumba za kanema m'maiko angapo.

Zimamveka kuti Shane Filan anasauka. Ndalama zonse zija zinapita kuti?

Sanazidyere m'mowa kapena m'magalimoto ngati mmene ena amanenera. Zinalowa m'nyumba. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000 chuma cha Ireland chinkakwera mothamanga, mitengo ya malo ndi nyumba ikukwera chaka ndi chaka, mabanki akubwereketsa ndalama mosaumira. Shane ndi mchimwene wake anatsegula kampani yomanga nyumba zogulitsa, n'kutenga ngongole zikuluzikulu zogulira malo kwawo ku Sligo ndi m'chigawo choyandikana nacho cha Leitrim. Mu 2008 chuma cha dziko lonse lapansi chitagwedezeka, msika wa nyumba ku Ireland unagwa chagada. Malo anatsika mtengo, ogula anasowa, koma ngongole ndi chiwongola dzanja zinali pomwepo. Mu Juni 2012, kutangotsala masiku ochepa kuti aimbe ku Croke Park kuja, khoti la ku England linagamula kuti Shane walephereratu kubweza ngongole zokwana mapaundi pafupifupi 18 miliyoni. Anali atasamukira ku England, komwe munthu wotere amamasulidwa pakatha chaka chimodzi, pomwe ku Ireland panthawiyo lamulo linkamumanga zaka 12. Nyumba yake yaikulu ya ku Sligo inapita. Choncho usiku umene anthu 80,000 ankakuwa dzina lake, iye ankadziwa kuti gulu likutha ndipo m'thumba mulibe kanthu. Nkhani yonseyi anaifotokoza yekha m'buku lake la 2014 lotchedwa My Side of Life. Kupasuka kwa gulu sikunayambe chifukwa cha ngongoleyi, koma kunamugwera pa nthawi yoipitsitsa.

Anachita chiyani pa zaka zimene anali atasiyana?

Aliyense anayesa khasu lake. Shane anatulutsa chimbale chake choyamba, You and Me, mu 2013, n'kumayenda akuimba yekha m'maholo aang'ono kuyerekeza ndi mabwalo aja. Kian anapambana mpikisano wa pa wailesi yakanema wa I'm a Celebrity mu 2013, ndipo anali mmodzi wa aphunzitsi pa The Voice of Ireland. Nicky anakhala muulutsi pa wailesi ya RTÉ 2fm ndipo mu 2016 anaimira Ireland pa mpikisano wa Eurovision ku Stockholm, koma sanafike m'ndime yomaliza. Mark anatulutsa chimbale chotchedwa Fire mu 2015 pa dzina loti Markus Feehily, momwe anaimba nyimbo za mtundu umene gulu silikanamulola. Palibe amene anagona ndi njala, ndipo palibenso amene anafika pafupi ndi pamene anali ali anayi. Anthu ankabwera kudzamva Shane, koma holo inkadzuka kwenikweni akayamba nyimbo za Westlife. Dzina limene linali ndi mtengo linali la gulu, ndipo palibe mmodzi amene akanatha kulinyamula yekha.

Anabwererana liti, ndipo n'chifukwa chiyani Brian sanabwerere?

Madzi saiwala khwawa. Pa 3 Okutobala 2018 anayi aja anatulutsa kanema pa intaneti wolengeza kuti ayambiranso, gululi litakwanitsa zaka 20 chiyambire. Mu Januwale 2019 anatulutsa Hello My Love, yolembedwa ndi Steve Mac, mlembi wawo wakale uja, pamodzi ndi Ed Sheeran, yemwe anakula akumvera nyimbo zawo. Ulendo wotchedwa The Twenty Tour unayambira ku Belfast mu Meyi 2019, ndipo mu Julayi anadzazanso Croke Park masiku awiri. Chimbale cha Spectrum chinatuluka mu Novembala chaka chomwecho n'kufika pa nambala 1 ku Britain ndi ku Ireland. Za Brian, yankho lili m'masamu. Iye anakhala m'gululi zaka zosakwana 6, pomwe anzakewo anayenda okha anayi zaka 8, ndipo gulu limene linatsanzika mu 2012 ndi lomwe linabwerera mu 2018. Brian anali kale ndi ntchito yake: kuyambira 2016 amaimba ndi Keith Duffy wa Boyzone pa dzina loti Boyzlife, lophatikiza mayina a magulu awo awiri akale.

Kodi sanabwererane chifukwa cha ndalama basi?

Kukana kuti ndalama zinalipo pa nkhaniyi n'kudzinamiza. Malonda a nyimbo anasintha kwambiri pa zaka zimene iwo anali atasiyana. Ma CD anasiya kugulidwa, ndipo kumvera nyimbo pa intaneti kumabweretsa kangachepe pa nyimbo iliyonse, makamaka kwa woimba amene sanailembe, chifukwa gawo la mlembi limapita kwa mlembi. Kwa gulu ngati Westlife, phindu lenileni lili pa matikiti. Ndipo atsikana aja amene mu 1999 ankapempha makolo ndalama yogulira kaseti tsopano anali amayi a pantchito, otha kugula tikiti yodula n'kubwera ndi ana awo. Take That inaonetsa njira imeneyi itabwererana mu 2005, Boyzone ndi Spice Girls n'kutsatira mu 2007. Koma gulu longofuna ndalama limaimba nyimbo zakale ulendo umodzi n'kubalalikanso. Westlife inajambula zimbale ziwiri zatsopano, Spectrum ndi Wild Dreams ya 2021, ndipo pa zimbalezi iwo eni analemba nawo nyimbo zambiri. Anachitanso zimene sanachitepo pa nthawi ya kutchuka kwawo. Mu Disembala 2021 anaimba kudzera pa WeChat n'kuoneredwa ndi anthu oposa 20 miliyoni, ambiri a ku China. Mu Ogasiti 2022 anaimba koyamba pa bwalo la Wembley ku London, patapita zaka ziwiri mliri wa Covid-19 utalepheretsa tsiku loyamba. Ndipo mu Malichi 2024 anayenda koyamba m'mizinda ya ku Canada ndi America, dziko lija linawakana ali anyamata.

N'chifukwa chiyani pa zithunzi zina za masiku ano amaoneka atatu?

Amene amasowa ndi Mark, ndipo chifukwa chake ndi matenda. Iye mwini anafotokoza kuti mu 2020, atachitidwa opaleshoni, magazi ake analowa tizilombo moti anagonekedwa m'chipinda cha odwala mwakayakaya. Pambuyo pake anadwalanso chibayo ndipo anachitidwa maopaleshoni ena. Mu Febuluwale 2024 analengeza kuti ayamba wapuma pa maulendo oimba kuti achire bwino, ndipo ulendo wa ku America uja anapita ndi Shane, Kian ndi Nicky okha. Sanalengeze kuti watuluka m'gululi, ndipo anzake sanaike munthu wina pa malo pake.

N'chiyani chinathandiza kuti abwererane pamene magulu ena amatha osaonananso?

Magulu ambiri amapasuka mochedwa. Amadikira mpaka wina atadya ndalama za mnzake, wina atanyoza anzake m'nyuzipepala, zida zoimbira zitalandidwa, maloya atalowapo. Zikafika pamenepo, ngakhale anthu atalonjeza ndalama zochuluka bwanji, oimbawo sangakwerenso galimoto imodzi. Westlife inapangidwa ngati bizinesi, ndi anthu ena, ndipo tsiku loyamba lomwe anzawo atatu anatayidwa chifukwa cha nkhope. Zinali zosavuta kuti gulu lotere lithe mwachidani. Koma iwo anasiyana atatopa, asanadane. Analengeza okha, anapatsa anthu miyezi 8 yotsanzikana nawo, ndipo pa zaka 6 zotsatira zowawa zimene anali nazo sanazisandutse nkhondo ya m'manyuzipepala. Manijala anali yemweyo, Louis Walsh, ndipo dzina la gulu silinakhalepo pa mlandu. Akuluakulu amati ukayenda siya phazi, ukasiya mlomo udzaupeza. Anyamata a ku Sligo ndi Dublin anasiya phazi ku Croke Park mu 2012, ndipo patapita zaka 7 anapondanso pa bwalo lomwelo n'kupeza anthu akuwadikirira.